Raw Power: mix ya Bowie kapena ya Iggy, ndigule iti?

Kondwani_BT
Akuluakulu moni. Pali bambo wina akugulitsa ma CD ake akale, ndipo m'katoni mwake ndapezamo Raw Power ya Iggy and the Stooges, koma ziwiri. Chithunzi cha pachikuto n'chimodzimodzi. Ina ndi CD imodzi ya 1997, inayo ndi ya ma CD awiri, yalembedwa Legacy Edition, ya 2010, ndipo mtengo wake wakwererako ndithu. Ndamva kuti zikusiyana mix, kutanthauza mmene anasakanizira mawu a woimba ndi zida: ina anamiksa David Bowie, ina anamiksa Iggy Pop mwini wake. Ndalama zanga zikukwana imodzi basi. Amene mukuchidziwa bwino chimbalechi, ndigule iti?

Amalume_Leeds
Mphwanga, tenga ya 2010. Mmenemo ndi mmene muli mix ya Bowie, imene inatuluka pa vinyl mu February 1973, yomwe anyamata oyambitsa punk ku London ndi ku New York anakula akumvera. Koma udziwe kaye mmene Bowie analowera m'nkhaniyi. Gululi ndi la ku Ann Arbor, ku Michigan. Linatulutsa zimbale ziwiri ku Elektra, choyamba mu 1969, kenako Fun House mu 1970. Zonse sizinayende malonda, kampani n'kuwasiya. Iggy anakumana ndi Bowie ku New York mu 1971, ndipo Tony Defries, amene ankayendetsa za Bowie kudzera ku kampani yake ya MainMan, anamutenga, kontirakiti n'kupezeka ku Columbia. Mu 1972 Iggy anapita ku London ndi James Williamson wa gitala, ndipo anajambula ku CBS Studios mu September ndi October chaka chomwecho, popanda wamkulu aliyense wowayang'anira m'situdiyo. Iggy atamiksa yekha, zida zambiri anaziunjika mbali imodzi, mawu ake mbali inayo. Defries anakanitsitsa kuti zoterozo sizingatuluke. Ndiye Bowie anakhala pansi ku Western Sound ku Los Angeles n'kumiksa nyimbo 7 tsiku limodzi lokha. "Search and Destroy" yokha ndi imene Iggy anakakamira kuti ikhale mmene anaikonzera iye. Ndiye ukamamva anthu akuti mix ya Bowie, dziwa kuti nyimbo yoyambayo ndi dzanja la Iggy.

NaBanda
Amalume pepani, apa ndikutsutsani. Mbiri mwaifotokoza bwino, koma Kondwani sakugula mbiri, akugula zoti akamvere kunyumba. Mu mix ya Bowie besi ili kuti? Ng'oma zili kuti? Ine ndinayambira pa CD ya 1997, ndipo tsiku limene ndinamva ya Bowie ndinapita kukagwiragwira mawaya kumbuyo kwa sipika poganiza kuti pena pazuka. Gitala ya Williamson imangotulukira mwadzidzidzi pamwamba pa zonse, mawu a Iggy ali kutsogolo, koma pansi palibe chogwirizira nyimbo. Ya 1997 ikangoyamba umamva kuti apa pali gulu la anthu anayi, osati awiri. Achimwene, tengani ya 1997, ndiponso ndiyo yotsika mtengo.

Mavuto73
Ndili pambuyo pa NaBanda. Nyimbo ngati "Shake Appeal" imafuna kukugunda pachifuwa. Ya Bowie sigunda.

WaSitudiyo
Ndilowepo monga munthu amene ndimakhala pa desiki yomiksira tsiku ndi tsiku. Zimene a NaBanda akunena za besi n'zoona, palibe angakane. Koma CD ya 1997 ili ndi vuto lina limene ndi lalikulu kuposa pamenepo. Pa digito pali malire amene mawu sangapyole, timati 0 dB. Ukakankha voliyumu kupyola pamenepo, kompyuta simapeza malo ena oika mawuwo, imangodula nsonga zonse. Zili ngati poyeza chimanga m'ndowa n'kusalaza pamwamba ndi dzanja, chilichonse chopyola mlomo chimagwa pansi, sichibwereranso. Ndiye pa CD imeneyo anakankha mpaka pafupifupi nyimbo yonse inakhala pamalirepo. Mukaitsegula pa pulogalamu yoonetsa mafunde a mawu, simuona mapiri ndi zigwa, muona mzere wokhuthala wodzaza kuchokera koyamba mpaka kumapeto. N'chifukwa chake anthu akamakamba za mpikisano wokweza voliyumu pa ma CD, imeneyi amaitchula pakati pa zaphokoso kwambiri zimene zinatulukapo.

Ndipo tisasokoneze zinthu ziwiri. Kulira kwa gitala yodutsa mu amplifaya yotentha ndi kokoma, ndi kumene timakufuna mu nyimbo zotere. Kuthetheka kwa digito ndi kwina, kumakanda m'khutu. Valani mahedifoni, ikani "Gimme Danger" ya 1997. Imayamba ndi gitala ya acoustic, pamalo poti pakhale bata, koma ng'oma zikangolowa mumva tizinthu tikuthetheka m'mphepete mwa mawu. Chimbalechi ndi chachifupi, mphindi 34 zokha, koma ambiri safika kumapeto makutu asanatope.

NaBanda
A WaSitudiyo, zimenezo Iggy sanachite mwangozi. M'kabuku ka m'CD momwemo ananena yekha kuti zonse zili pofiira pa mita yoyezera voliyumu ndipo ndi mmene ankafunira. Mwini nyimbo akanena kuti ndimafuna imveke chonchi, ife ndife ndani kuti tizimuyeza ndi mamita? Dzina la chimbale likunena kale kuti musayembekezere zosalala.

WaSitudiyo
Kufuna kwake ndikukumva mayi, ndipo sindikunena kuti asalaze. Koma ukali wa nyimbo umachokera pa kusiyana kwa pofatsa ndi pokwera. Zonse zikakhala pamwamba nthawi yonse, gitala ya Williamson ikamalowa ilibenso kokwerera. Mu ya Bowie, solo ikalowa umadzidzimuka ngakhale ukuidziwa kale. Mu ya 1997 imalowa pakhoma lodzaza kale.

Tadala_JHB
Mawu akuti "mwini nyimbo" ndi amene andikhudza, chifukwa nkhani yonseyi kwa ine ndi ya Ron Asheton. Pa zimbale ziwiri zoyambirira Ron ndiye anali wa gitala, ndipo gululo analiyambitsa limodzi ndi Iggy, m'bale wake Scott wa ng'oma, ndi Dave Alexander. Iggy atapita ku London ndi Williamson, anayesa kupeza oimba besi ndi ng'oma a konko, osapeza owakhutiritsa, m'pamene anaitanitsa ana a Asheton. Ron anafika n'kupeza kuti malo ake a gitala atengedwa, apatsidwa besi. Dzina la gulu nalo linasintha, kuchoka pa The Stooges kukhala Iggy and the Stooges. Nyimbo zonse 8 zinalembedwa kuti ndi za Pop ndi Williamson. Munthu uja anavomera, n'kuimba besi mwaukali ngati akuimbabe gitala, kenako chimbale chikutuluka besiyo sikumveka n'komwe. Tangoganizani.

Ndiye ine ndinkayembekezera kuti Ron akhala woyamba kuyamikira mix ya 1997 poti inakweza besi yake. Koma ayi. Ananena poyera kuti atamva ya Iggy anayamba kukonda ya Bowie imene kale ankainyoza, ndipo anadandaula kuti Iggy anachotsa zokometsera pa gitala ya Williamson mpaka masolo ake akumveka owuma, n'kubwezeramo kubuula kwake konse ndi mawu alionse amene analankhula pa tepi. Williamson nayenso ananena kuti ganizo la Iggy linali labwino koma zotsatira zake sanazikonde. Ndiye tikamati mwini nyimbo wasankha, tikunena munthu mmodzi mwa anayi.

Mavuto73
Komatu kubuula ndi kukuwa kumeneko ndi kumene ine ndimakonda. Ngakhale kugeya kuja nyimbo ya "Raw Power" isanayambe, Iggy anakubwezeramo. Umamva kuti m'chipindamo munali anthu amoyo.

Kondwani_BT
Zikomo kwambiri nonse, ndikuphunzira zambiri. Koma ndifunse amalume, ngati Bowie anali katswiri chotere, analekeranji kungokweza besi ndi ng'oma? Si nkhani yongokankha batani?

Amalume_Leeds
Bowie mwini wake anafotokozapo, mphwanga. Anati Iggy anabwera ndi tepi ya matiraki 24, koma ataiika pamakina anapeza kuti agwiritsa ntchito atatu okha: gulu lonse pa imodzi, gitala yotsogolera pa ina, mawu pa yachitatu. Ndiye chimene akanatha kuchita ndi kukweza ndi kutsitsa mawu ndi gitala basi. Situdiyo yake inalinso yotsika mtengo, ya desiki yakale, ndalama zinali zitatha. Anawonjezera pang'ono ndi kachipangizo kotchedwa Time Cube kobweza mawu, Iggy anakatchula ponena za gitala ya mu "Gimme Danger" ndi ng'oma za mu "Your Pretty Face Is Going to Hell". Munthu wopatsidwa tsiku limodzi ndi zipangizo zoterozo, ine ndimaona kuti anachita zazikulu.

NaBanda
Nkhani ya matiraki atatuyo ine imandivuta, amalume. Ngati besi ndi ng'oma zinali zomatidwa pa tiraki imodzi ndi gitala, mu 1997 Iggy anakweza bwanji besi payokha? Tepi ndi yomweyo ya ku London.

WaSitudiyo
Funso labwino, ndipo kumvetsera kokha kukusonyeza kuti mu 1997 anali ndi pogwira pambiri kuposa patatu. Koma ine ndikamvera ma mix onse awiri, chimene ndimapeza n'chakuti ng'oma za Scott sizinalowe bwino pa tepi kuyambira tsiku lojambula. Mu ya Bowie zili kutali, mu ya Iggy zakwezedwa koma ndi zophwanyika, bass drum simveka bwino paliponse. Ife timadziwa kuti chimene chalakwika poika maikolofoni sungachikonze pomiksa, ungochisuntha malo. Anyamatawa anali okha m'situdiyo opanda wowauza kuti imani kaye, ng'omazi tiziikenso bwino.

Chisomo_Zomba
Ine ndingofunsa mbali ina. Mukuti punk, koma 1973 punk inali isanayambe. Si rock wamba imeneyi?

Amalume_Leeds
Dzinalo linali lisanakhazikike, koma mbewu yake ndi imeneyi, mwanawe. Steve Jones wa Sex Pistols ananena kuti anaphunzira gitala poimba motsatira chimbale chimenechi, ndipo Sex Pistols ankaimba "No Fun" ya The Stooges. Patapita zaka Kurt Cobain anachiika pa nambala 1 pa mndandanda wa zimbale zimene ankazikonda. Chonsecho chitangotuluka chinangofika pa nambala 182 pa Billboard, mndandanda wa zimbale zoyenda malonda ku America, Columbia n'kuwasiya, gulu n'kutha mu February 1974 atachita shoo yomaliza ku Michigan Palace ku Detroit. Ndipo mfundo yanga ili pomwepa. Jones ndi Cobain sanamvepo mix ya 1997 pamene ankaphunzira. Chimene chinawatembenuza mitu ndi ya Bowie yomwe ija, yopanda besiyo.

Tadala_JHB
Chimene chinandipweteka ine n'chakuti CD ya 1997 itatuluka, ya Bowie anaichotsa pamsika. Kwa zaka zoposa 10 munthu wolowa m'shopu kukagula Raw Power yatsopano pa CD ankapatsidwa ya Iggy osauzidwa kuti pali ina. Kumiksanso sindikudana nako, aliyense ayese. Koma kubisa yoyambayo ndiye kulakwa. Mbadwo wonse unakula ukuganiza kuti mu 1973 chimbalechi chinkamveka choncho.

Mavuto73
Pamenepo tikugwirizana. Zonse ziwiri zizipezeka, munthu asankhe yekha.

Gift_LL
Inu mukukangana za Bowie ndi Iggy, ine ndikuona kampani imene ikudya mbali zonse. Werengani nokha. CD yoyamba ya mix ya Bowie mu 1989. Ya Iggy mu 1997, n'kutiuza kuti iyi ndiye yeniyeni. Mu 2010 abwera ndi ya Bowie yomwe ija, n'kutiuzanso kuti iyi ndiye yeniyeni. Chaka chomwecho atulutsanso Deluxe Edition ya ma CD atatu, DVD, buku la masamba 48, zithunzi, ndi kambale kakang'ono ka mainchesi 7 kofanizira kamene kanatuluka ku Japan. Mu 2012 pa Record Store Day, tsiku la mashopu ogulitsa zimbale, atulutsa vinyl ya mbale ziwiri yokhala ndi ma mix onse awiri. Mu 2023 akuti zaka 50, atulutsanso pa intaneti. Nyimbo zake ndi 8 zomwe zija. Ndipo onani nthawi yake: Ron Asheton anamwalira mu January 2009, gulu linalowa mu Rock and Roll Hall of Fame mu 2010, bokosi n'kutuluka chaka chomwecho. Munthu amene besi yake tikuilirira pano sanalione n'komwe bokosilo.

Amalume_Leeds
Gift, za malonda sindikukana, kampani ndi kampani. Koma usaiwale kuti popanda ya 2010 mix ya Bowie ikanakhalabe yosowa pa CD, ndipo anaikonza bwino kuposa ya 1989 imene inali yofooka kwambiri. Komanso CD yachiwiri ija si yongodzazira bokosi. Imatchedwa Georgia Peaches, ndi shoo imene anajambula ku kalabu ya Richards ku Atlanta mu October 1973, ali ndi Scott Thurston pa piyano. Iwe Tadala, ngati ukufuna kumva Ron pa besi, pita pamenepo. Pa siteji palibe amene anamutsitsa, ndipo umamva mmene iye ndi m'bale wake ankakokera gulu lonse. Mulinso nyimbo zimene sanazijambulepo pa chimbale cha Columbia, monga "Head On" ndi "Open Up and Bleed", zimene zikusonyeza kumene gululi linkalowera likanakhala kuti silinathe. Iggy akumvekanso akukangana ndi anthu a m'kalabumo pakati pa nyimbo. Ine CD imeneyo ndimaiika kawirikawiri kuposa chimbale chenichenicho.

Tadala_JHB
Georgia Peaches ndili nayo amalume, ndipo mwanena zoona. Ndiyo imene ndimapatsa munthu akamati Ron ankangoperekeza pa besi.

Gift_LL
Chabwino, ya ma CD awiri ndingaivomereze chifukwa cha shoo imeneyo. Koma bokosi lalikulu lija, buku ndi zithunzi zojambulidwa ndi Mick Rock n'zokongola, DVD umaonera kamodzi, kenako zimangokhala pa shelefu. Amene ali ndi ndalama agule, koma asanamize achinyamata kuti popanda bokosi sunamve Raw Power.

Chisomo_Zomba
Nanga mix yoyamba ija ya Iggy ya 1972, imene Defries anaikana, inatayika?

Amalume_Leeds
Sinatayike yonse. Matepi ake ankazungulira m'manja mwa okonda gululi kwa zaka zambiri, kenako kampani ya Bomp inatulutsa ena mwa iwo pa CD yotchedwa Rough Power. Mamvekedwe ake ndi a tepi yokoperedwa, si yoyambira munthu watsopano. Koma ukaimvera umamvetsa chifukwa chimene anaitanira Bowie. Ndiye ma mix alipo atatu, osati awiri.

Mavuto73
Matenda amenewa si a Raw Power yokha. L.A.M.F. ya Johnny Thunders ndi The Heartbreakers, ya 1977, inatuluka pa vinyl ikumveka ngati yakutidwa bulangeti, mpaka Jerry Nolan wa ng'oma anachoka m'gulu chifukwa cha mkangano wa mix. Thunders anaimiksanso mu 1984, ina inatuluka mu 1994, kenako mu 2021 anatulutsa yochokera pa tepi imene inapezeka mochedwa. Kumenekonso anthu amakangana chimodzimodzi.

WaSitudiyo
Ya L.A.M.F. ndi yosiyana pang'ono, chifukwa kaseti ya nthawi yomweyo inkamveka bwino kuposa vinyl, kusonyeza kuti vuto lalikulu linali podula mbale osati pomiksa. Tiitsegulire ulusi wakewake, ndi yaitali.

Kondwani_BT
Ndaganiza zotenga ya 2010 chifukwa cha shoo ya ku Atlanta imene amalume anena. A NaBanda musakhumudwe, ya Iggy ndiimvera pa foni.

NaBanda
Sindikhumudwa achimwene, Georgia Peaches ndi chifukwa chomveka. Koma mukamamvera ya Iggy pa foni musagwiritse kasipika ka foniko, mudzaida pachabe. Pezani masipika akuluakulu, muike "Death Trip", ndipo mumvere mmene besi ikuyendera pansi pa gitala kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Mu ya Bowie ulendo umenewo mulibe. Ine za kuthetheka ndazimva, makutu ndili nawo, koma ndikasankha pakati pa Ron wothetheka ndi Ron wosamveka, nditenga wothetheka.

Tadala_JHB
Mawu amenewo ndi olemera mayi, ngakhale Ron mwini wake anasankha mbali inayo. Chimene ine ndikanakonda n'chakuti wina amene sali m'gulu, wa makutu abwino, apatsidwe matepi a ku London aja, akweze ana a Asheton monga anachitira Iggy, koma asiye mpata woti nyimbo ipume monga anachitira Bowie. The Replacements anachita zotere ndi chimbale chawo cha Tim cha 1985, anapatsa Ed Stasium kuti amiksenso mu 2023, ndipo yakaleyo anaisiya m'bokosi momwemo kuti munthu afananize. Scott anamwalira mu 2014, Bowie mu 2016. Otsala ndi Iggy ndi Williamson, ndipo akanachita ali moyo kuti onse awiri avomereze.

Gift_LL
Ndiye kuti bokosi linanso, tigulenso kachisanu ndi chimodzi.

Tadala_JHB
Limenelo lokha ndingagule, chifukwa mukhala chinthu chimene sindinamvepo.

WaSitudiyo
Kondwani, ndi ena amene mukufuna kufananiza, chitani chonchi. Khutu la munthu limakonda chilichonse chokwera voliyumu, ndiye mukaika CD ya 1997 pambuyo pa ya Bowie osagwira batani, ya 1997 ipambana nthawi zonse kwa masekondi oyambirira. Tsitsani ya Iggy, kwezani ya Bowie mpaka mawu a woimba amveke ofanana mphamvu, m'pamene muweruze. Pa Spotify pali batani losalaza voliyumu ya nyimbo zonse, likakhala loyatsa limachita zimenezi lokha, koma onetsetsani chimene chalembedwa pa dzina la chimbale chifukwa ma mix onse awiri alipo ndipo chikuto n'chofanana. Musayambe ndi "Search and Destroy", poti imeneyo ndi ya Iggy mbali zonse ziwiri. Yambani ndi "Penetration", mutchere khutu ku kachida kolira ngati belu kotchedwa celesta ndi mawu onong'ona a Iggy, kenako "I Need Somebody". Mukamaliza mubwere mutiuze ngati ng'oma za Scott mwazipeza pena paliponse, chifukwa ine ndikuzifunabe.